Gary McAllister, mkulu wadazi amene malume anu samuiwala

Sabata yathayi ndinalandira imelo kuchokera kwa wowerenga wina wa ku Zomba. Ndaifupikitsa pang'ono, koma mawu ake ndi awa: "Ndimasapota Liverpool kuyambira ndili ku pulayimale. Tikamaonera mpira, malume anga sachedwa kutchula Gary McAllister, mpaka amati anaposa Steven Gerrard. Nditafufuza ndapeza kuti munthuyu anangokhala zaka ziwiri zokha ku Liverpool, anafikako ali ndi zaka 35, ndipo zaka zambiri anathera ku matimu ngati Leicester ndi Coventry. Kodi malumewa sakungokometsera zakale? Ndikufunsanso chifukwa ineyo ndili ndi zaka 32, ndimasewera pakati mu timu ya m'dera lathu, ndipo aphunzitsi ayamba kundikhazika pa benchi ati miyendo yatha."

Achimwene, zikomo polemba. Zaka zomwe mwapezazo ndi zoona ndithu. Pomwe ndikusiyana nanu ndi poona ngati zaka za ku Leicester ndi ku Coventry zinali zotayika, ngati munthu ankangozungulira kudikira kuti timu yaikulu imuitane. Zomwe malume anu anaona m'chaka cha 2001 zinaphikidwa m'matimu ngati amenewo, pang'onopang'ono, kwa zaka pafupifupi 20. Tiyeni tiyambire kumudzi kwawo.

McAllister anabadwa pa 25 December 1964 m'dera la Motherwell ku Scotland, tauni yomwe inkadziwika ndi mafakitale osungunula zitsulo, moti ngakhale timu ya kumeneko amaitchula kuti Steelmen. Kwa ife Amalawi dera limeneli si lachilendo kwenikweni: pafupi pomwepo pali Blantyre ya ku Scotland, kumene anabadwira David Livingstone, komwe kunachokera dzina la mzinda wathu. Mnyamatayu anayamba kusewera mu timu yaikulu ya Motherwell asanakwane zaka 18, ndipo mu 1985 anathandiza timuyo kukwera mu ligi yaikulu ya ku Scotland. Chaka chomwecho Leicester City inamugula pamodzi ndi mnzake Ally Mauchlen.

Ku Leicester anakhalako zaka zisanu. Timuyo inatuluka mu ligi yaikulu mu 1987, ndiye zaka zitatu zotsatira anazithera mu ligi yachiwiri, nthawi imene mabwalo a ku England ankasanduka matope m'nyengo yozizira ndipo oyimbira mpira sankaona vuto wina akakuponda pa akakolo. Wosewera wopyapyala, wokonda kuika mpira pansi ndi kudzutsa mutu, malo ngati amenewo amangomupatsa njira ziwiri: aphunzire kuona adani asanamufike, kapena asiye mpira. Iye anaphunzira. Brian Clough, mphunzitsi wotchuka wa Nottingham Forest, anamufuna, koma atakumana maso ndi maso McAllister anakana kupitako. Mu 1990 anasankha Leeds United, yomwe inali itangokwera kumene mu ligi yaikulu, pa mtengo wa mapaundi pafupifupi 1 miliyoni.

Apa ndiye ndikufuna muimepo pang'ono, chifukwa ambiri amene amamudziwa McAllister kudzera ku Liverpool sadziwa kuti munthuyu anatenga ligi ya ku England zaka zisanu ndi zitatu asanavale jezi yofiira. Mu 1991-92 Leeds ya mphunzitsi Howard Wilkinson inatenga ligi ndi mapointi 82, Manchester United ili pambuyo ndi 78. Inali ligi yomaliza Premier League isanayambe. Pakati pa timuyo panali anthu anayi omwe masapota a Leeds amawatchulabe ngati dzina limodzi: Gordon Strachan, David Batty, Gary Speed ndi McAllister. Batty ankalanda mpira, Speed ankathamanga kumanzere ndi kulumpha mitu, Strachan ankasokoneza kumanja, ndipo McAllister ndiye ankasankha liwiro la masewero, kuti apa tithamange, apa tipume. Gerrard, ndi ukatswiri wake wonse, mendulo ya ligi ya ku England sanaikhudzepo ngati wosewera. McAllister ali nayo.

Tamuyang'anani bwino Strachan ameneyu. Nayenso ndi wa ku Scotland, ndipo Manchester United inamutaya mu 1989 ali ndi zaka 32, msinkhu wanu womwewu, anthu akuti watha. Mu 1991, ali ndi zaka 34, atolankhani a ku England anamusankha kukhala wosewera wopambana onse, ndipo chaka chotsatira ananyamula chikho cha ligi ngati kaputeni ali ndi zaka 35. Ankadziwika ndi kusamala kadyedwe ndi kapumidwe nthawi imene osewera ambiri a ku Britain ankathera madzulo awo ku mowa. McAllister anavala naye nsapato m'chipinda chimodzi kwa zaka zingapo, akuona tsiku ndi tsiku mmene munthu amatalikitsira moyo wake wa mpira. Ine ndimakhulupirira kuti McAllister wa zaka 36 amene malume anu amamukumbuka anayambira pamenepo, poonera mkulu wake.

Ku Leeds komweko anagoletsa chigoli china chomwe sichitchulidwa mokwanira. Mu 1992, mu chikho cha akatswiri a ku Ulaya, Leeds inakumana ndi Rangers pa Ibrox ku Glasgow. Mphindi yoyamba yeniyeni, mpira wochokera pa kona unabwerera kunja kwa bokosi, iye n'kuumenya usanagwe pansi, kukagwedeza ukonde, bwalo lonse zii. Leeds inagonjabe 2-1, ndipo inagonjanso 2-1 pa masewero achibwereza. Pambuyo pa Strachan, ukaputeni unagwera McAllister.

Tsopano tifike pa tsiku limene silingadumphidwe pokamba za munthuyu, 15 June 1996, pa Wembley. Mpikisano wa Euro 96, England ndi Scotland, adani akalekale. McAllister ndiye kaputeni wa Scotland. England ikutsogola 1-0 ndi chigoli cha Alan Shearer, kwatsala mphindi zosakwana 15, Tony Adams wagwetsa Gordon Durie m'bokosi. Penate. McAllister anaika mpira pamalo pake, n'kubwerera m'mbuyo. Akuthamangira kuti amenye, mpirawo unagubuduka pang'ono wokha, kusuntha kochepa kwambiri koma kooneka bwinobwino pa kanema. Sanaime. Anaumenya mwamphamvu, goloboyi wa England David Seaman n'kuugunda ndi chigongono, mpira kudutsa pamwamba pa golo. Posakhalitsa, Paul Gascoigne anadumphitsa mpira pamutu pa Colin Hendry n'kumwetsa chigoli chachiwiri, chomwe Angerezi akuchionetsabe mpaka lero. Kuchoka pa mwayi wa 1-1 kufika pa 2-0, m'kuphethira kwa diso.

Scotland inagonjetsa Switzerland 1-0 pa masewero otsatira, ndipo kwa kanthawi usiku umenewo inali itadutsa, chifukwa England inali ikuswa Netherlands 4-0. Kenako Patrick Kluivert anagoletsa chigoli chimodzi chokha cha Netherlands, n'kukhala 4-1, ndipo chigoli chimenecho ndicho chinatulutsa Scotland, pakuti Netherlands inaiposa pa kuchuluka kwa zigoli zogoletsa. Dzina la Kluivert mulisunge, tikumana nalonso.

Masapota ena a Scotland sanamukhululukire. Mu March 1999, Scotland ikusewera ndi Czech Republic pa Celtic Park, gulu lina la anthu akwawo linkamukuwiza akagwira mpira. Munthu woti anali atangochira bondo, kuvulala komwe kunamulepheretsa kupita ku World Cup ya 1998 ku France atathandiza yekha kuti timuyo ifikeko. Patapita masiku ochepa analengeza kuti wasiya kusewerera dziko lake. Anali atavala jezi ya Scotland maulendo 57. Nkhani imeneyi imandiwawa mpaka pano, chifukwa ndi khalidwe lomwe ifenso timalidziwa m'mabwalo mwathu: munthu amene walimba mtima kunyamula mpira onse akuyang'ana pansi, ndi yemweyo timamutukwana akaphonya.

Pa nthawiyi n'kuti ali ku Coventry City, komwe anapita mu 1996 pa mtengo wa mapaundi 3 miliyoni, kukakumananso ndi Strachan yemwe posakhalitsa anakhala mphunzitsi wamkulu wa timuyo. Coventry inali timu yokhalira kupulumuka. Mu 1997 inapulumuka pa tsiku lomaliza lenileni itapambana 2-1 kwawo kwa Tottenham. Mu timu yotere mulibe katswiri wina woti ubisale kumbuyo kwake. Penate ndi yako, kona ndi yako, firikiki ndi yako, ndipo ukaphonya palibe amene akonze cholakwacho mphindi khumi zikubwerazo. Zaka zinayi ankanyamula katundu ameneyu sabata ndi sabata, pambuyo pa manyazi a pa Wembley. Chaka chake chomaliza kumeneko, akusewera limodzi ndi Robbie Keane komanso anyamata awiri a ku Morocco, Mustapha Hadji ndi Youssef Chippo, anasewera mpira wokoma ngati wabwerera ku unyamata. Gérard Houllier, mphunzitsi wa Liverpool, anaona.

Mu 2000 kontirakiti yake itatha, Liverpool inamutenga ulere. Ambiri anapukusa mitu, ndipo Gerrard mwini wake, yemwe panthawiyo anali ndi zaka 20, wakhala akunena poyera kuti poyamba sanamvetse chomwe timuyo imafuna kwa munthu wamkulu chotero. Chiyambi chake sichinathandizenso: pa masewero a ku Highbury ndi Arsenal mu August, anapatsidwa khadi lofiira chigawo choyamba chisanathe. Miyezi yambiri ankalowa ndi kutuluka, nthawi zina kuyambira pa benchi. Houllier anali ndi timu ya achinyamata, Gerrard, Michael Owen, Jamie Carragher, Danny Murphy, Emile Heskey, ndipo chaka chimenecho inasewera masewero 63. Timu yothamanga chotero imafunika wina woziziritsa zinthu mitima ikakwera. Paja amati akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto.

Mu February 2001, pa fainolo ya League Cup ndi Birmingham City ku Cardiff, masewero atathera 1-1, woyamba kupita kukamenya penate ku mbali ya Liverpool anali McAllister. Anagoletsa. Koma zomwe malume anu akukumbuka kwenikweni zinayamba pa 16 April, Lolemba la Pasaka, pa Goodison Park, kwawo kwa Everton panthawiyo.

Everton 2, Liverpool 2. Liverpool yatsala ndi anthu khumi, Igor Biscan atatulutsidwa. Mphindi 90 zatha, tili mu nthawi yoonjezera, firikiki yapezeka kutali, mamita pafupifupi 40 kuchoka pa golo. Mukaonera kanema wake, musathamangire kuyang'ana mpira, muyang'ane munthuyo. Akuusuntha mpirawo pang'ono kupita kutsogolo oyimbira atayang'ana kwina. Akukweza dzanja kulozera anzake ku mbali yakutali ya golo, ngati akuti bwerani nonse uko, ndikuponyerani pamutu. Aliyense akukhulupirira, kuphatikizapo goloboyi wa Everton, Paul Gerrard, yemwe akusendera mbali imeneyo kudikira mpira wam'mwamba. McAllister n'kuupinda motsika kulowera pa mtengo wapafupi, pomwe goloboyi wangochokapo. Mpira unadunda kamodzi n'kulowa. 3-2. Kenako mkulu uja akuthamanga ngati mwana, maso ali tong'o, pakamwa pali yasa, anyamata akumuthamangitsa osamupeza. M'chigoli chimenechi mulibe liwiro, mulibe mphamvu zodabwitsa. Muli munthu amene wamenya mafirikiki mazanamazana ku Filbert Street ndi ku Highfield Road, mabwalo akale a Leicester ndi Coventry, mpaka kudziwa zomwe goloboyi amaganiza pa mphindi ya 94.

Patangopita masiku atatu, Barcelona inabwera pa Anfield mu semifainolo ya UEFA Cup, masewero oyamba atathera 0-0. Chigawo choyamba chili pafupi kutha, McAllister anamenya kona, ndipo wosewera wa Barcelona anaugwira mpira ndi dzanja m'bokosi. Wosewerayo anali Patrick Kluivert, yemwe uja anatulutsa Scotland mu 1996. Pa golo panali mnyamata wa zaka 18, Pepe Reina, amene pambuyo pake anadzakhala goloboyi wa Liverpool. Tangoganizani, achimwene. Munthu amene dziko lake lonse limamukumbukira penate yophonya, pa timu yomwe ili ndi Owen ndi ena, akutola mpira yekha pa masewero aakulu chotere. Anaumenya mwamphamvu m'mwamba, ndipo chigoli chimenecho chokha ndicho chinatengera Liverpool ku fainolo. Kwa ine, pa zonse zomwe anachita pa moyo wake wa mpira, apa ndi pomwe pamaonekera mtima wa munthuyu.

Sanalekere pomwepo. Anagoletsa pa masewero asanu otsatizana: Everton, Barcelona, Tottenham, Coventry ndi Bradford. Cha ku Coventry chinali chowawa, firikiki yokongola pa bwalo lomwe anali kaputeni chaka chapitacho, ndipo sanasangalale, chifukwa ankadziwa kuti akukankhira anzake akale kuphompho. Coventry inatulukadi mu ligi chaka chimenecho itakhalamo zaka 34. Pa fainolo ya FA Cup ndi Arsenal, yomwe aliyense amaikumbuka ngati fainolo ya Owen, McAllister analowa kuchokera pa benchi, ndipo chigoli choyamba cha Owen chinachokera pa firikiki yake.

Ndiye kunabwera usiku wa pa 16 May ku Dortmund, fainolo ya UEFA Cup ndi Alavés ya ku Spain. Ine ndinaonera m'kanyumba kena koonetsera mpira, titapanikizana pa mabenchi a matabwa, kunja kukuzizira monga mwezi wa May umachitira, ndipo palibe anatuluka ngakhale nthawi inadutsa 11 koloko. Firikiki ya McAllister, Markus Babbel n'kugoletsa ndi mutu. Gerrard anaonjezera chachiwiri. Alavés inabweza chimodzi, McAllister n'kumenya penate kukhala 3-1. Titabwera kopuma Javi Moreno anagoletsa ziwiri motsatizana, 3-3, m'kanyumba muja anthu n'kuyamba kulozana zala. McAllister anapatsira Robbie Fowler, 4-3. Jordi Cruyff anabweza kutatsala mphindi imodzi kapena ziwiri, 4-4. Mu nthawi yoonjezera anyamata a zaka 22 akugwira mawondo, koma mkulu wa zaka 36 anali akadali m'bwalo, akupemphabe mpira. Kutatsala mphindi zochepa kuti apite ku mapenate, firikiki inapezeka kumanzere. Anaiponya pamalo oipa aja, pakati pa goloboyi ndi otchinga kumbuyo, pomwe aliyense amaopa kuusiya komanso amaopa kuukhudza. Delfí Geli anaukhudza ndi mutu n'kudzimwetsa yekha. Nthawi imeneyo lamulo linali lakuti chigoli cha mu nthawi yoonjezera chimathetseratu masewero, ndiye zinathera pomwepo, 5-4. Pa zigoli zisanu za Liverpool, zinayi zinadutsa pa phazi lake, ndipo ndiye anasankhidwa kukhala wosewera bwino pa usikuwo. Bambo wina amene anakhala pafupi nane, sapota wa Manchester United wodziwika m'dera lonselo, anangovula chipewa n'kunena kuti, "Koma mdala uyu."

Zikho zitatu m'chaka chimodzi, kuonjezapo malo achitatu mu ligi omwe anawapititsa ku Champions League. Mu August anagoletsanso penate pogonjetsa Manchester United 2-1 mu Charity Shield. Mu 2002 anabwerera ku Coventry kukakhala wosewera komanso mphunzitsi, ndipo kumayambiriro kwa 2004 anatula pansi udindowo kuti akasamale mkazi wake yemwe ankadwala khansa, amene anamwalira mu 2006. Uphunzitsi wake payekha sunafike patali: ku Leeds mu 2008 anagonja pa fainolo yokwerera ligi ndi Doncaster, ndipo chaka chisanathe anachotsedwa. Koma Gerrard atapatsidwa Rangers mu 2018, munthu amene anamuitana kuti akhale wachiwiri wake anali McAllister, ndipo awiriwa anatenga ligi ya ku Scotland mu 2020-21 osagonjako ngakhale kamodzi. Mnyamata amene ankadabwa kuti mdalayu wadzatani, patapita zaka 18 sanafune kuyamba ntchito yaikulu popanda iye pambali pake.

Za inuyo ndi benchi, sindikunamizani. Sindinakuoneni mukusewera, ndipo mwina aphunzitsi anu akuona zoona kuti simukubwerera msanga timu ikalandidwa mpira. Miyendo ikayamba kuchoka sibwerera, ndipo McAllister naye ku Liverpool sankayamba masewero onse. Chomwe anachita n'kukhala ndi zinthu zomwe timu singazipeze kwa wina. Ndiye dzifunseni: kona ya timu yanu amamenya ndani, ndipo imafika pomwe ikufunika kangati? Mukamaliza zokonzekera, tsalani ndi goloboyi ndi mipira ingapo, mumenye makona ndi mafirikiki mpaka mdima. Mpira usanakufikeni, khosi lizikhala litatembenuka kale kawiri, kuti muziugwira kamodzi kapena kawiri basi n'kuupereka. Pemphani kuti pambali panu paziima mnyamata wa mapapo, ngati mmene Batty ankachitira ku Leeds kapena Gerrard ndi Dietmar Hamann ku Liverpool, iye azithamanga inu muzimuuza kothamangira. Ndipo akakupatsani mphindi 25 zokha, musalowe ndi nkhope yokwiya. Pa fainolo ya Arsenal ija McAllister anapatsidwa theka la ola.

Malume anuwo mukawapatse moni, ndipo mukawauze kuti pa mfundo yoti McAllister anaposa Gerrard, ine ndakana. Gerrard ankatha kulanda mpira, kuthamanga nawo bwalo lonse, kuwombera kuchokera kutali ndi kunyamula timu yofooka pamsana kwa zaka zoposa khumi, ndipo McAllister sanachitepo zonsezo pa mlingo umenewo. Koma mukawauzenso kuti itapezeka penate pa mphindi yomaliza, chikho chili patebulo, awiriwa ataima pamodzi, ine mpira ndingaupereke kwa wadaziyo, yemwe uja anaphonya pa Wembley.